Fyuluta ya mpweya wa m'galimoto

Fyuluta ya mpweya wa m'galimoto, imene amakaniko ambiri amangoitcha fyuluta ya eyakoni, ndi kachipangizo kamene kamasefa mpweya usanafike kwa anthu okwera. Imagwira fumbi, mungu, mwaye, tizinyalala ta masamba ndi tizilombo touluka. Ndi yosiyana ndi fyuluta ya mpweya wa injini, imene imakhala kunsi kwa boneti, ngakhale kuti anthu ambiri amasokoneza ziwirizi. Saab 900 ya ku Sweden, imene inatuluka mu 1978, ndi imodzi mwa magalimoto oyambirira kukhala ndi fyuluta yotereyi.

Kapangidwe ndi malo ake

Fyulutayi imapangidwa ndi pepala kapena nsalu yopindapinda ngati malata, kuti malo osefera achuluke m'kabokosi kakang'ono. Ina imakhala ndi makala okonzedwa mwapadera amene amayamwa fungo ndi mbali ina ya utsi. Koma palibe imene imatchinga mpweya wakupha wa carbon monoxide, choncho ekizozi yobooka iyenera kukonzedwa basi.

M'magalimoto apakatikati onyamula anthu asanu ndi awiri kapena asanu ndi atatu, monga Toyota Sienta, Noah ndi Voxy, fyulutayi imakhala kuseri kwa kabokosi ka pa dashibodi, kumanzere kumene kumakhala wokwera wakutsogolo. Ambiri mwa magalimoto amenewa amafika m'Malawi atagwira kale ntchito ku Japan, ndipo ena akale amapezeka malo a fyuluta ali pululu.

M'misewu ya fumbi: chitsanzo cha Neno

Opanga magalimoto ambiri amalangiza kusintha fyulutayi chaka chilichonse, kapena pakatha makilomita 15,000 mpaka 30,000, ndi kufulumizako ngati galimoto imayenda m'fumbi. Mawu omalizawa ndi amene amakhudza boma la Neno, limene linapatulidwa ku Mwanza mu 2003. Msewu wa tala wochokera ku Blantyre kupita ku Mwanza umadutsa pa Zalewa, koma misewu yambiri yolowa m'kati mwa bomali ndi yadothi. Kuyambira Meyi mpaka Okutobala, galimoto yotsatira inzake imayenda m'chimtambo cha fumbi, ndipo dzinja likamayandikira pamawonjezeka utsi wa moto wolusa m'tchire. Galimoto yonyamula anthu tsiku ndi tsiku m'misewu yotere ikhoza kutseka fyuluta m'chilimwe chimodzi chokha, makilomita a m'buku asanakwane n'komwe. N'chifukwa chake kuisolola n'kuiona ndi maso n'kodalirika kuposa kuwerenga makilomita.

Vuto lalikulu limaoneka nyengo ikasintha. Kumtunda kwa Neno, kumene amalima tirigu ndi mbatata ya kachewere, kumazizira ndipo kumagwa nkhungu. Anthu akadzaza m'galimoto mawindo ali otseka, galasi lakutsogolo limachita nthunzi, ndipo chimene chimaiumitsa ndi mphepo yochokera m'dashibodi. Fyuluta ikatsekeka mphepoyo imafooka, ndipo dalaivala amatsala akupukuta galasi ndi dzanja pa msewu wokhotakhota wa m'mapiri.

Magalimoto onyamula chimanga ndi mtedza amakopanso makoswe, amene amakonda kumanga zisa pamwamba pa fyuluta.

Zizindikiro ndi kasinthidwe

Fyuluta yotha imadziwika ndi mphepo yochepa ngakhale fani ili pa nambala yomaliza, fungo la chinyezi, phokoso la fani, ndi eyakoni imene siziziritsa bwino. Ikasiyidwa choncho, mota ya fani imavutika n'kutha msanga. Ena amangoichotsa osaikamo ina. Mphepo imabwereradi, koma fumbi limakamatirira pa kachipangizo kozizira ka eyakoni, kamene kukatsuka kwake kumafuna nthawi zina kumasula dashibodi yonse.

Pa magalimoto ambiri a Toyota ntchitoyi sifuna sipanala ndipo siposa mphindi khumi. Munthu amazimitsa injini, kutsegula kabokosi ka pa dashibodi, kukafinya m'mbali kuti katsike, kenaka kuchotsa chivundikiro n'kusolola fyuluta mosamala kuti zinyalala zisagwere m'fani. Yatsopano iyenera kulowa motsata muvi wolembedwa m'mbali mwake. Apa ambiri amalakwitsa, chifukwa mivi ilipo ya mitundu iwiri: wolembedwa UP umaloza kumwamba, pamene wolembedwa AIR FLOW umaloza kumene mpweya ukupita, kumene pa magalimoto ambiri a Toyota ndi pansi. Pogula ndi bwino kutenga yakaleyo kapena nambala ya chasisi, popeza Sienta ya 2003 ndi ya 2015 sizifanana m'zonse.

Fyuluta ya pepala siichapidwa ndi madzi, chifukwa imafewa n'kuchita nkhungu. Kuigogoda kumachotsa fumbi lapamwamba lokha, ndipo kuipopa ndi mpweya wamphamvu wa kompuresa kumang'amba timabowo take. Chimene chimaitalikitsa moyo ndi kudina batani lozunguliza mpweya wa m'kati pamene galimoto ili m'fumbi, n'kulibweza pa mpweya wakunja fumbi likatha, ndiponso kuchotsa masamba ouma amene amaunjikana m'munsi mwa galasi lakutsogolo, pamene mpweya umalowera.