Mtengambali Wothandizira mu Filimu ndi pa Kanema

Mtengambali wothandizira ndi munthu wa m'sewero amene nkhani siili pa iye, koma atachotsedwamo nkhaniyo singayende. Amakhala mayi wa mnyamata amene filimu ikulondola moyo wake, bwenzi lomutsina khutu, mfumu yoweruza mlandu, kapena wantchito wapakhomo amene waona zonse koma akuopa kuulula. M'maphunziro a Chichewa a kusekondale ku Malawi, anthu a m'chisudzo amatchedwa atengambali, ndipo amene nkhani yatsamira pa iye ndi mtengambali wamkulu. Munthu weniweni amene wapatsidwa mbaliyo ambiri amangomutcha wazisudzo.

Ku Kalomwe, pa chipata cha malire a Mozambique ndi Malawi moyang'anizana ndi Dedza, mayina a ntchitoyi amafika kuchokera mbali ziwiri. Mwana wa m'boma la Angónia, momwe muli Kalomwe, amaphunzira Chipwitikizi kusukulu, ndipo pokamba za manovela a ku Brazil amakumana ndi mawu oti protagonista, ator secundário ndi figurante. Kunyumba ndi pamsika amalankhula Chichewa, amamvera wailesi za ku Malawi, ndipo amaonera mafilimu a ku China, India ndi Nigeria omasuliridwa m'Chichewa. M'zipinda zoonetsera vidiyo mtengambali wamkulu ndi sitelingi, ndipo mwana aliyense amadziwa kuti sitelingi safa. Amene amafa ndi mnzake, mlongo wake kapena nkhalamba imene inamuphunzitsa nkhonya, ndipo imfayo ndiyo imamupsetsa mtima kuti akabwezere. Apa m'pamene pagona ntchito ya wothandizira: amapatsa mtengambali wamkulu chifukwa chochitira zimene akuchita.

Osewera mu filimu ali m'magulu. Pansi pa wamkulu pali othandizira, amene ali ndi mayina m'nkhani, khalidwe lawolawo ndi mawu oloweza, ndipo amaoneka kangapo. Pansi pawo pali a mbali zing'onozing'ono, monga kondakitala amene amangoti galimoto yadzaza, osaonekanso. Kenaka pali odzaza malo, omwe m'Chipwitikizi ndi mafigurante: khamu la pamaliro, ogula pamsika, ochemerera pabwalo. Iwowa salankhula, ndipo kawirikawiri mayina awo salembedwa kumapeto kwa filimu. Pamene filimu ya Ali, ya mu 2001, inkajambulidwa ku Maputo m'malo mwa Kinshasa, khamu lothamangira Will Smith, amene ankasewera ngati Ali, m'misewu linali la anthu a mumzindawo. Malire a maguluwa sayezedwa ndi mphindi zokha. Judi Dench anaoneka mphindi pafupifupi 8 mu Shakespeare in Love, koma analandira mphotho ya Oscar ya wothandizira mu 1999.

Luso lalikulu la wothandizira ndi kumvetsera. Wazisudzo wosakhwima amangodikira kuti mnzake amalize ayambe iye, ndipo nkhope yake imakhala yopanda kanthu. Kamera imaulula zimenezi msanga kuposa maso a anthu a m'holo. Wokhwima amalandira mawu a mnzake ngati akuwamva koyamba, ngakhale atawamva kakhumi tsiku lomwelo. Ku gule wamkulu, amene ku Angónia ndi wapakhomo ngati ku Dedza komwe, makutu a anthu amakhala pa ng'oma ya mbalule, koma woimba mpanje akasokoneza kagundidwe, woimba mbalule yemweyo amasochera ndipo wovina amaima. Ulemu wa wothandizira ndi womwewo, ndipo amene amafuna kuonekera kuposa mbali yake, kumagwedera kapena kukweza mawu mnzake akulankhula, amaononga ntchito ya onse. M'sewero la anthu awiri mfundoyi imaonekera poyera. Izeki ndi Jakobo, omwe anali John Nyanga ndi Eric Mabedi, ankaseketsa anthu chifukwa wina akaponya mawu, mnzake ankawawakha pa nthawi yake.

Kujambula kuli ndi malamulo amene kulibe pabwalo la zisudzo. Filimu sijambulidwa motsata nkhani. Zonse zochitikira pa malo amodzi zimajambulidwa nthawi imodzi, choncho wosewera atha kulira maliro m'mawa n'kuvina ukwati wa malemu yemweyo masana. Gawo lililonse limabwerezedwa kangapo, kamera ili patali, kenaka pafupi ndi nkhope ya uyu, kenaka ya uyo. Mayi amene akusenda mbatata ya kachewere pakhonde pamene mwana wake akumuuza kuti wachotsedwa sukulu ayenera kukumbukira kuti mpeni unali kudzanja lamanja, kuti anasiya kusenda pa liwu loti fizi, ndi kuti mpango unali utatsetserekera kuphewa. Akasintha chimodzi, mkonzi sangalumikize zidutswazo. Ndipo kamera ikatembenukira kwa mwanayo, mayiyo amakhalabe pambali, osaoneka, akulankhula mawu ake ndi mtima wonse kuti misozi ya mnzake ibwere. Ntchito imeneyi woonera saiona, koma wotsogolera filimu amaiona, ndipo wazisudzo wotere ndi amene amaitanidwanso.

Njira yolowera m'ntchitoyi imayambira kutali ndi kamera. Ku Malawi ambiri anayambira m'masewero a kusukulu, monga mipikisano ya ATEM, m'magulu a kutchalitchi, m'masewero a mabungwe ophunzitsa zaumoyo, ndi pa wailesi ya MBC mu Sewero la Sabata Ino kapena Pamajiga. Ena anakulira m'magulu ngati Kwathu ndi Wakhumbata ya Du Chisiza Jr. Kanema wa boma atayamba mu 1999, masewero ngati Tikuferanji anapatsa nkhope anthu amene kale ankadziwika ndi mawu okha. Ku Mozambique gulu la Mutumbela Gogo, limene linayamba mu 1986 ku Maputo, laphunzitsa osewera ambiri a m'mafilimu a dzikolo. Kwa munthu wa ku Kalomwe mtunda ukulankhula wokha: Lilongwe ali pa makilomita osakwana 100, pamene Maputo ali pa makilomita oposa 1,500.

Mbali imapezeka kudzera mu odishoni, pamene ofuna ntchito amapatsidwa tsamba la sikiripiti kuti ayesere pamaso pa osankha. Malipiro amawerengedwa pa tsiku kapena pa ntchito yonse, ndipo popeza mafilimu a kuno ndi ochepa, osewera ambiri amakhala ndi ntchito ina yowadyetsa. Msampha wodziwika ndi kumatiridwa mbali imodzi. Amene anasewera bwino ngati mpongozi wankhanza kapena chidakwa cha m'mudzi amaitanidwira zomwezo chaka ndi chaka, mpaka anthu pamsika amamuitana ndi dzina la m'sewero. Zimabweretsa ndalama, koma zimapha luso. Chowawa china n'chakuti filimu ikatalika, mkonzi amayamba kudula mbali za othandizira. Komabe ntchitoyi imakhalitsa kuposa ya sitelingi, pakuti nkhani iliyonse imafuna agogo, amalume ndi anyakwawa, ndipo imvi sizichotsa munthu ntchito.

Mphotho zinachedwa kuzindikira gululi. Ma Oscar anayamba mu 1929, koma mphotho ya othandizira inaperekedwa koyamba mu 1937. Lupita Nyong'o wa ku Kenya anailandira mu 2014 chifukwa cha 12 Years a Slave. Mu Africa, mphotho za AMAA za ku Nigeria zafikapo mbali zonse ziwiri za malire a Kalomwe. Tapiwa Gwaza anapambana ngati mkazi wothandizira mu 2010 ndi Seasons of a Life ya Shemu Joyah, ndipo mu 2013 mphotho yomweyo inapita kwa Hermelinda Cimela wa mu Virgem Margarida ya Licínio Azevedo.

Filimu ya The Boy Who Harnessed the Wind, ya mu 2019, ikuonetsa bwino kagawidwe ka mbali pamene opanga filimu achokera kunja. Inajambulidwa ku Kasungu ndipo zokamba zambiri zili m'Chichewa. William Kamkwamba anaseweredwa ndi Maxwell Simba wa ku Kenya, bambo ake ndi Chiwetel Ejiofor wa ku Britain, yemwenso anatsogolera filimuyo, mayi ake ndi Aïssa Maïga wa ku France. Mfumu anali Joseph Marcell, wodziwika ngati wantchito wapakhomo mu The Fresh Prince of Bel-Air. Amalawi anapatsidwa mbali zothandizira: Lily Banda anali Annie, mlongo wa William, ndipo Philbert Falakeza anali Gilbert, mnzake. Eni chiyankhulo anadandaula ndi Chichewa cha alendowo, ndipo dandaulolo linali lomveka. M'kamwa mwa othandizira a ku Malawi ndi a m'khamu ndi m'mene chiyankhulocho chinamveka ngati cha kumudzi. Chaka chomwecho Lily Banda anaonekanso mu Deep State, sewero la pa kanema la ku Britain.