Kuchokera pa Tsoka kukafika ku Capital Hill: mademo apindulanji?

Pa 25 Febuluwale 2025 mavenda a kaunjika a mu Msika wa Tsoka sanadule mabelo. Anasiya mabenchi awo m'mbali mwa mtsinje wa Lilongwe n'kuuyatsa ulendo wa ku Nyumba ya Malamulo ku City Centre. Dandaulo linali limodzi: belo linkangokwera mtengo, oitanitsa katundu akuti ndalama zakunja sizikupezeka kubanki. Sabata isanathe, Pulezidenti Lazarus Chakwera anachotsa Sosten Gwengwe pa unduna wa zamalonda n'kuikapo Vitumbiko Mumba. Mitengo sinabwerere pomwe inali, koma boma linamva.

Msewu umenewu, wochoka ku Old Town kupita ku City Centre ndi Capital Hill, wapondedwa ndi mapazi aukali kwa zaka zoposa 30. Ndipo mkangano wake sukutha: chimasintha zinthu n'chiyani, mwala ndi tayala loyaka, kapena unyinji wa anthu onyamula chikalata?

Okonda mwala amayambira pa 1992. Pa 8 Malichi chaka chimenecho kalata ya maepiskopi a Katolika inawerengedwa m'matchalitchi, kudzudzula poyera ulamuliro wa Kamuzu Banda. Pa 6 Epulo Chakufwa Chihana anamangidwa atangotsika ndege pa bwalo la Kamuzu. Mu Meyi sitalaka ya pa David Whitehead ku Blantyre inasanduka zipolowe zomwe zinafika ndi ku Lilongwe komwe, masitolo a PTC n'kuswedwa. Anthu pafupifupi 40 anafa. Mwezi womwewo maiko othandiza Malawi, atakumana ku Paris, anaimitsa thandizo losakhudza njala ndi matenda. Mu Okutobala Kamuzu anavomera riferendamu, ndipo pa 14 Juni 1993 nyali ya zipani zambiri inagonjetsa tambala wa chipani chimodzi ndi mavoti oposa 60 pa 100 alionse (ngakhale Chigawo cha Pakati chinakakamirabe tambala).

Koma taonani bwino yemwe anakhetsa mwazi. Ambiri mwa akufawo anaomberedwa ndi apolisi. Chimene chinatseka matumba a azungu si sitolo yoswedwa ayi, koma mitembo ya anthu opanda mfuti.

Zomwezo zinabwereza pa 20 Julayi 2011, nthawi ya Bingu wa Mutharika. Mafuta kulibe, ndalama zakunja kulibe, anthu anavala zofiira n'kulowa m'misewu. Chiletso cha khothi chomwe chinatengedwa usiku chinasokoneza dongosolo, atsogoleri a zionetsero n'kulephera kulamulira gulu. Ku Lilongwe ena anathawira pa tchalitchi cha CCAP, apolisi n'kuwapeza konko ndi kuwamenya pamodzi ndi atolankhani, uku masitolo akuthyoledwa. Anthu 20 anafa m'dziko lonse, ambiri ku Mzuzu ndi ku Lilongwe. Patangopita masiku ochepa America inaimitsa thandizo la magetsi la madola 350 miliyoni. Bingu sanagwe ndi zionetserozo. Anamwalira pa 5 Epulo 2012 ali pampando. Madandaulo ambiri a m'chikalata cha tsikulo anayankhidwa ndi Joyce Banda, yemwe analowa m'malo mwake.

Pakati pa zaka ziwirizi pali chipambano chimene sitichitchula kawirikawiri, mwina chifukwa chinalibe utsi wambiri. Mu 2002 Bakili Muluzi atafuna kupitiriza ulamuliro, mipingo, maloya ndi mabungwe anakana ndi makalata, mapemphero ndi maliboni a pepo. Iye analetsa zionetsero, khothi linachotsa chiletsocho, ndipo pa 4 Julayi bilu yake inaperewera mavoti atatu m'Nyumba ya Malamulo.

Mavenda nawo ali ndi tsamba lawo lochititsa manyazi. Mu Januwale 2012 anyamata ena ochita malonda mu Lilongwe anavula amayi ovala mathalauza ndi masiketi aafupi pakati pa tauni. Amayi sanatole miyala. Anasonkhana ku Blantyre atavala mathalauza omwewo, Joyce Banda ali pakati pawo, ndipo ambiri analumbira kusagulanso kwa mavenda. Bingu yemwe anachita kulankhula pa wailesi kuti mayi avale chimene akufuna. Malonda a kaunjika amayenda ndi amayi. Amene anang'amba nsalu za makasitomala ake anadzitsekera yekha.

Mayeso aakulu anali 2019. Chisankho cha pa 21 Meyi chitadetsedwa ndi Tippex, bungwe la HRDC la Timothy Mtambo ndi Gift Trapence linkasonkhanitsa anthu pa Community Ground mwezi ndi mwezi, kufuna kuti Jane Ansah, wapampando wa bungwe loyendetsa zisankho, atule pansi udindo. Tisanamizane kuti zonse zinali zamtendere. Maofesi anatenthedwa, masitolo anabedwa, ndipo wamalonda wa pa Tsoka ankadziwa kuti tsiku la mademo n'lomanga katundu m'masaka m'mamawa, kuoloka naye pa milatho ya matabwa, n'kukagona osagulitsa ngakhale malaya amodzi. Ku Msundwe pa 8 Okutobala wapolisi anaphedwa ndi miyala. Chotsatira chake chinagwera amayi ndi atsikana a ku Msundwe, Mpingu ndi M'bwatalika, omwe anachitidwa nkhanza zogwiriridwa, mpaka khothi linalamula mu 2020 kuti 18 mwa iwo apepesedwe ndi ndalama. Mwala uja sunachotse Ansah.

Chinasintha zinthu ndi ichi: anthu sanatope, asilikali a nkhondo motsogozedwa ndi Vincent Nundwe ankaperekeza oguba m'malo mowaombera, ndipo Chakwera ndi Saulos Chilima anatengera mapepala a zotsatira kukhothi. Pa 3 Febuluwale 2020 oweruza asanu, atafika ndi chitetezo cha asilikali, anawerenga chigamulo tsiku lonse n'kufafaniza chisankhocho. Ansah anatula pansi mu Meyi, khothi lalikulu la apilo litagwirizana ndi chigamulocho, ndipo pa 23 Juni anthu anavotanso.

Akatswiri awiri a ku America, Erica Chenoweth ndi Maria Stephan, anafufuza magulu 323 olimbana ndi maboma kuyambira 1900 mpaka 2006. Osagwiritsa ntchito zida anapambana 53 pa 100 alionse, a zida 26 okha. Chifukwa chake n'chomveka kwa aliyense wa mu Lilongwe: kumene kuli miyala agogo, amayi a bere ndi abusa safikako, ndipo msilikali savutika mumtima kuombera munthu womugenda.

Andale nawo sanaphunzire. Pa 26 Juni 2025 anthu a zikwanje anakhapa Sylvester Namiwa, yemwe ankatsogolera zionetsero, pa Community Ground pomwepo, apolisi ndi asilikali akuonerera. Zionetsero za tsikulo zinathera pomwepo, koma kanema wake anayenda m'mafoni a dziko lonse. Pa 16 Seputembala boma la Chakwera, lomwe linalowa chifukwa cha mademo, linagonja pa chisankho, Peter Mutharika n'kubwerera pampando. Kudula kwa chimanga ndi mafuta n'kumene kunalemera kwambiri pa voti, koma zikwanjezo sizinaonjezere boma voti ngakhale imodzi.