Juzi ya Mwana ndi Maina a Akazembe a Nkhondo

Mayi wofuna kulukira mwana wake wamkazi juzi yotsekula kumaso, ija ya mabatani, akatenga kabuku ka Chingerezi kolangiza kalukidwe amakumana ndi mau aŵiri achilendo: cardigan ndi raglan. Loyamba ndi dzina la juziyo, lachiŵiri ndi la kalumikizidwe ka manja ake. Omvera ena angayese kuti aŵa adali maina a akatswiri oluka. Iyai. Onse aŵiri adali akuluakulu a asilikali a ku Britain, anthu a lupanga osati a zingano, ndipo maina ao adaloŵa m'dengu la ulusi kudzera m'nkhondo imodzi, nkhondo ya ku Crimea.

James Thomas Brudenell adabadwa m'chaka cha 1797 m'banja la mwanaalirenji. Mu 1837 adaloŵa m'malo mwa bambo wake nakhala Earl wachisanu ndi chiŵiri wa Cardigan, dzina lochokera ku tauni ina ya m'mbali mwa nyanja ku Wales. Masiku amenewo ukulu wa usilikali ku Britain unkagulidwa ndi ndalama monga momwe munthu agulira ng'ombe pa msika. Brudenell adachotsedwa pa ulamuliro wa gulu la 15th Hussars mu 1834 chifukwa cha khalidwe lake loipa kwa omutsatira, koma patangopita zaka ziŵiri adagula gulu lina, lomwe pambuyo pake lidatchedwa 11th Hussars. Adali munthu wa mtima wapachala ndi wodzitukumula. Mu 1840 adavulaza ndi mfuti Captain Harvey Tuckett pa nkhondo ya anthu aŵiri opangana, ndipo chaka chotsatira mafumu anzake a m'nyumba ya House of Lords adam'masula poti ozenga mlandu adalephera kutsimikiza dzina lonse la wovulalayo. Chinthu chimodzi chokha adachisamala ndi mtima wonse: zovala. Ankatulutsa ndalama zochuluka za m'thumba mwake kuti asilikali ake atchene koposa ena onse.

Nkhondo idayamba mu 1853 pakati pa Russia ndi Turkey, ndipo mu 1854 Britain ndi France adaloŵapo kuthandiza Turkey. Asilikali ao adakocheza ku Crimea, dziko lotulukira m'nyanja ya Black Sea, kuti akazinge mzinda wa Sevastopol. Mkulu wa asilikali onse a Britain adali Lord Raglan, ndipo Cardigan ankatsogolera gulu la apakavalo lotchedwa Light Brigade.

Pa 25 Okutobala 1854, pafupi ndi doko la Balaclava, Raglan adaima pa phiri naona Arasha akukonzeka kukoka mizinga imene adalanda m'maŵa wa tsikulo. Adatuma Captain Louis Nolan ndi kakalata kupita kwa Lord Lucan, mkulu wa apakavalo onse, kuti aletse zimenezo. Tsono Lucan adali pansi m'chigwa, ndipo mizinga imene Raglan ankanena sankaiona. Imene ankaidziŵa inali ina, yondanda kumathero a chigwa, ya Arasha eni ake. Lucan adakwatira mlongo wake wa Cardigan, koma alamu aŵiriŵa sankamwerana madzi, kotero kuti adangolankhulana mau oŵerengeka basi, osakhala pansi kufunsana chimene kakalatako kankatanthauza. Amuna ngati 670 adathamangira m'chigwa chotalika kupitirira mailo imodzi, mizinga ikuŵaomba kumaso ndi ku mbali zonse ziŵiri. Nolan adali mwa oyamba kufa. Oposa 100 adatsala pomwepo, ena ochulukirapo adavulala, ndipo akavalo oposa 300 adaonongeka.

Kunena zoona, Cardigan sadali wamantha. Adakwera kavalo patsogolo pa onse mpaka kukafika pa mizingayo. Koma atafika adatembenuka nabwerera yekha, osasonkhanitsa anthu ake otsala. Ndipo pamene asilikali ankagona m'matenti pa matope, iye ankagona m'ngalaŵa yakeyake yotchedwa Dryad, yoima pa doko.

Mdani wamkulu adali asanafike. Pa 14 Novembala namondwe adamiza zombo zambiri pa Balaclava, pakati pake sitima yotchedwa Prince, imene inali itanyamula zovala za nyengo yozizira za asilikali. Omvera a ku Dedza ndi ku Ntcheu amachidziŵa chisanu cha mwezi wa Juni, koma cha ku Crimea ndi chija choumitsa madzi kukhala mwala. Anyamata ankachezera m'maenje a nkhondo ndi malaya ong'ambika omwe adafika nao m'nyengo yofunda. Zala zakumapazi zinkafa ndi kuzizira, kolera ndi kamwazi zikuŵamaliza. Mwa asilikali a Britain oposa 20,000 amene adafa m'nkhondo yonseyo, pafupifupi atatu mwa anai aliwonse adafa ndi matenda, osati zipolopolo. Mtolankhani William Howard Russell adalemba zonsezi m'nyuzipepala ya The Times, ndipo kwao kudagwa mkwiyo ndi chisoni. Florence Nightingale adapita ku chipatala cha ku Scutari. Amayi otsala m'makomo adatola zingano zao. Adaluka masokosi, zofunda m'khosi, zovala m'manja ndi zipeŵa, natumiza m'mabokosi. Ngakhale Mfumukazi Victoria ndi ana ake aakazi adalukako. Chipeŵa choluka chophimba mutu ndi khosi, chosiya nkhope yokha, pambuyo pake chidatchedwa balaclava, dzina la doko lija.

Cardigan sadachione chisanucho mpaka kumapeto. Adachoka mu Disembala akuti wadwala, nafika ku England mu Januwale 1855. Ndakatulo ya Alfred Tennyson yotamanda gulu lake inali itamveka kale ponseponse, ndipo anthu adam'chingamira ngati ngwazi. Amalonda sadachedwe. Chovala choluka cha mabatani, chonga chimene akuluakulu a asilikali ankavala m'kati mwa majekete ao, adayamba kuchigulitsa m'dzina lake, ndipo pofika zaka za m'ma 1860 dzinalo linali litakhazikika. Ulemu wa munthuyo udayamba kufota pamene obwerera kunkhondo adasimba zimene adaona. Iye adafa mu 1868 atagwa pa kavalo. Raglan sadabwerere n'komwe: adamwalira ku Crimea konko mu Juni 1855. Mkulu ameneyu adaduka dzanja lamanja pa nkhondo ya Waterloo mu 1815, ndipo dzina lake lidapatsidwa kwa mkono wa chovala wosakhala ndi msoko pa pheŵa, womwe msoko wake umachokera m'khwapa kupendekera ku khosi, wosavuta kupisamo dzanja.

Kwa zaka zambiri cardigan inali chovala cha amuna. Idaloŵa mwamphamvu m'zovala za akazi m'zaka za m'ma 1920, makamaka kudzera mwa Coco Chanel wa ku France, ndipo kuchokera kwa amayi idatsikira kwa ana. Apa ndipo pamene idapeza mwini wake weniweni. Mwana savutika kuiponyera kumutu, tsitsi lake loluka silisokonekera, dzuŵa likakwera amangomasula mabatani osavula, ndipo poti mkono wa raglan ulibe malire a pheŵa, juzi imodzi imam'kwana chaka chino ndi chamaŵa.

Ntchito yake ndi ya zidutswa zisanu: chakumsana, ziŵiri zakumaso ndi manja aŵiri. Woluka wodziŵa amayamba waluka kachidutswa kakang'ono koyesera, nkukayeza, chifukwa manja a anthu sakoka ulusi mofanana, ndipo wodumpha zimenezi amatha milungu itatu akuluka juzi yokwana chidole. M'munsi ndi kumapeto kwa manja amasinthanitsa kaponyedwe ka ulusi, kwina chakumaso kwina chakumbuyo, kuti patuluke mizere yotamuka yogwira thupi, mphepo isaloŵe. Mwana wa zaka zisanu amadya mipukutu inai kapena isanu ya magalamu 50. Chomaliza ndi mkombero wa mabatani, ndipo pali mwambo wake: pa juzi ya mtsikana mabatani amakhala kumanzere kwa wovalayo, timabowo kumanja, pa ya mnyamata ndi mosemphana.

Nkhondo ina idaonjezera luso lina. Mu Juni 1941 boma la Britain lidayamba kugaŵa zovala moyeza, munthu aliyense ndi makuponi ake, ndipo lamuloli lidakhala mpaka 1949. Ana sadaleke kukula chifukwa cha nkhondo. Amayi ankamasula juzi zakale za amuna ao, kuchapa ulusiwo kuti uwongoke, kuupombanso m'mipukutu, nkulukira mwana. Ulusi ukachepa ankasakaniza mitundu, ndiye juzi zambiri za ana a nthaŵi imeneyo zinali zamizeremizere. Kuyambira m'ma 1950 kudabwera ulusi wa m'fakitale wotchedwa acrylic, wotsika mtengo kuposa ubweya wa nkhosa, wosanyala pochapa, ndipo ndiwo udadzaza m'masitolo.

Ku Malaŵi kuluka ndi zingano kudafala kudzera m'mamishoni, kumene akazi a amishonale ndi masisitere ankaphunzitsa atsikana kusoka ndi kuluka, ndipo pambuyo pake kudapitirira m'magulu a amayi a mumpingo ndi m'maphunziro a zapakhomo. Liu loti kuluka lidalipo kale, la mphasa, madengu ndi tsitsi, ndipo lidangolandira ntchito yatsopanoyo. Liu loti juzi ndilo lidaoloka nyanja. Lidachokera ku jersey, dzina la Jersey, chilumba chaching'ono cha pakati pa England ndi France, kumene anthu adatchuka ndi malonda a zoluka kuyambira zaka za m'ma 1500. Dzina la Cardigan lidatsalira m'mabuku a Chingerezi ndi m'kamwa mwa ogulitsa ena a m'tauni. Kumudzi chovalachi amangoti juzi ya mabatani.