Malipiro ongoyang'ana: mbiri ya makhoti ndi apolisi ku Kerala

Aphunzitsi anzanga ndi inu nonse amene munadutsa m'manja mwanga, funso la lero nali: kodi zimatheka bwanji kuti munthu wabizinesi akapemphe kukhoti kuti apolisi amuteteze potsitsa katundu wake yemwe? Kumwera kwa India, m'chigawo cha Kerala, zimenezi zakhala zikuchitika kwa zaka zambiri.

Nkhaniyi inayambira patali. M'chaka cha 1957 anthu a ku Kerala anasankha boma la chipani cha Chikomyunizimu motsogozedwa ndi E.M.S. Namboodiripad. Bomalo linalengeza kuti apolisi asamalowerere pa mikangano ya olemba ntchito ndi antchito awo, poti m'mbuyomo apolisi ankangothamangira kumbali ya eni chuma. Mu 1978 kunabweranso lamulo loteteza anthu onyamula katundu pamutu, omwe kale ankagwira ntchito yakalavulagaga koma malipiro ake osaoneka.

Cholinga chinali chabwino ndithu. Koma mabungwe a antchitowa atakula mphamvu, kunabadwa mchitidwe wotchedwa nokkukooli, kutanthauza malipiro ongoyang'ana. Mwini sitolo akatsitsa katundu ndi anyamata ake kapena ndi makina, a bungwe ankangoima poteropo n'kumaonerera, pamapeto pake n'kufuna ndalama. Ukakana, galimoto yosatsitsidwa.

Apolisi akachita mphwayi, amalonda ankathamangira ku khoti lalikulu la Kerala. Ndime 226 ya malamulo aakulu a dziko la India imapatsa khotili mphamvu yolamula ofesi ya boma kuchita ntchito yake. Motero khoti limatha kulamula kuti apolisi ateteze bizinesi yakutiyakuti kuti iyende popanda woitsekereza.

Boma la Pinarayi Vijayan linaletsa nokkukooli kuyambira pa 1 May 2018, koma chizolowezi sichifa ndi chilengezo. Mu September 2021 anthu anatsekereza chigalimoto chonyamula zipangizo za bungwe la ISRO, lofufuza zamlengalenga, ku Thumba, akufuna ndalama zomwezo. Chaka chomwecho woweruza Devan Ramachandran anati kufuna nokkukooli kuzitengedwa ngati mlandu wolanda ndalama moopseza.

Komatu si onse otsekereza amene amafuna zaulere. Mu 2022 khoti linalamula apolisi kuteteza ntchito yomanga doko la kampani ya Adani ku Vizhinjam, pomwe otsekerezawo anali asodzi odandaula kuti gombe lawo likukokoloka ndipo nyumba zikugwa. Lamulo linatuluka, koma zionetsero zinapitirira mpaka December, otsekerezawo atakambirana ndi boma.

Phunziro lake n'lakuti khoti limatha kutsegula geti, koma silingathetse chimene chinaika anthu pagetipo. Mukamaphunzitsa za ufulu ndi udindo, funsani ana anu: apolisi akaima pakati pa wabizinesi ndi mmphawi, akuteteza yani, ndipo akumuteteza kwa yani? Mundiuze zimene ayankhe.