Sitima Ibwerera Pomwe Idachoka

Akuluakulu adati ukachoka usamatseke mwala, koma mayani, chifukwa mawa ungadzafune kulowanso. Mbiri ya kanyumba kena kamatabwa ka m'tauni ya St. Louis Park, kuzambwe kwa mzinda wa Minneapolis m'chigawo cha Minnesota ku America, ikutikumbutsa mwambi umenewu.

St. Louis Park idakhazikitsidwa ngati mudzi wodzilamulira m'chaka cha 1886. Chaka chotsatira, 1887, kampani ya njanji yotchedwa Milwaukee Road idamanga siteshoni yake pafupi ndi msewu wa Wooddale. Nyumbayo inali yaing'ono, koma inali limodzi mwa makomo a mudziwo: apaulendo ndi katundu yemwe ankadzera pomwepo. M'chaka cha 1890 mpondamatiki wina wogulitsa matabwa, T. B. Walker, pamodzi ndi anzake adayamba kugula malo kuti amangepo mafakitale ndi nyumba za antchito, podalira njanji zodutsa m'mudzimo. Mavuto a zachuma a 1893 adafooketsa maloto akewo, koma mudzi sudafe, ndipo siteshoni idapitiriza ntchito yake.

Chodabwitsa n'chakuti siteshoniyi idayamba kufa pamene tauni inkakula. M'chaka cha 1940 ku St. Louis Park kunali anthu pafupifupi 7,700; pofika 1960 anali atapitirira 43,000. Koma anthu atsopanowa sadabwere pa sitima ayi. Adabwera ndi magalimoto awo, pamisewu ikuluikulu ya phula. M'chaka cha 1954 mizinda ya Minneapolis ndi St. Paul idaleka kuyendetsa timasitima tamagetsi ta m'misewu, mabasi nalowa m'malo. Mu 1955 sitima ya apaulendo idaleka kuima pa siteshoni ija, ndipo mu 1968 eniake adaitsekeratu, nafuna kuigumula.

Apa ndi pomwe anthu ena a m'tauniyo adadzambatuka, napanga gulu loteteza nyumbayo. Khama lawo lidapindula: mu 1969 boma lidailemba m'kaundula wa malo a mbiri yakale, ndipo mu 1970 adainyamula yathunthu n'kukaikhazika m'paki ya Jorvig, kamtunda pang'ono kuchokera pamalo ake oyamba. Mpaka lero ikadali pomwepo, ndipo bungwe la zambiri yakale la m'tauniyo limasungiramo zinthu za njanji. Kampani yomwe idaimanga ndiyo idatha: idagwa m'ngongole mu 1977, ndipo mu 1985 njanji zake zotsala zidagulitsidwa kwa Soo Line.

Tsono misewu ija idadzaza, ndipo maganizo adatembenuka. Mu 2004 Minneapolis idatsegula njanji yake yoyamba ya sitima zopepuka zamagetsi, ndipo mu 2018 idayambika ntchito yotalikitsa njanji ya Green Line kukafika ku Eden Prairie, mtunda wa mamailosi 14.5 wokhala ndi masiteshoni 16. Imodzi mwa masiteshoniwa, ya Wooddale Avenue, ili pafupi ndithu ndi pomwe padali kanyumba ka 1887. Ntchitoyi yachedwa ndi zaka zingapo, makamaka chifukwa cha ngalande ya pansi pa nthaka ya ku Kenilworth, ndipo mtengo wake wafika pafupi ndi madola 2.9 biliyoni. Akuluakulu a ntchitoyi adalengeza kuti apaulendo adzayamba kukwera mu 2027.

Ife ophunzira mbiri yakale tili ndi funso pano. Anthu a 1969 aja tiwathokoze, pakuti popanda iwo sipakadatsala ngakhale thabwa limodzi. Koma chomwe adatha kupulumutsa ndi nyumba yokha; ulendo wa pa sitima, womwe udali moyo wa nyumbayo, unali utatayika kale zaka 14 m'mbuyomo. Kusunga makoma kudafuna gulu laling'ono la anthu odzipereka. Kubwezera sitima kwafuna zaka zoposa 70 ndi chuma chosawerengeka.

Komabe khomo silidatsekedwe ndi mwala. Mpata womwe njanji zakale zidadzera udatsala wosamangidwapo nyumba, ndipo sitima yatsopano ikutsata mpata womwewo. Mdzukulu wodzatsika pa Wooddale Avenue adzangoyenda mphindi zochepa kuti akaone pomwe agogo ake ankagula tikiti.