Ingmar Bergman

Ernst Ingmar Bergman (14 Julayi 1918 – 30 Julayi 2007) anali wolemba ndi wotsogolera mafilimu komanso masewero a zisudzo wa ku Sweden. Mafilimu ake ambiri amakamba za imfa, chikhulupiriro mwa Mulungu, kusungulumwa ndi mavuto a m'banja.

Ubwana ndi maphunziro

Bergman anabadwira mumzinda wa Uppsala ndipo anakulira ku Stockholm. Bambo ake, Erik Bergman, anali m'busa wa mpingo wa Lutheran ndipo ankalera ana awo mokhwimitsa malamulo. Ali mwana, Ingmar anapatsa mkulu wake zidole zake za asilikali posinthana ndi kamakina koonetsera zithunzi pakhoma. Mu 1937 anayamba maphunziro a ukachenjede ku Stockholm, koma sanamalize chifukwa nthawi yake yambiri inkathera ku zisudzo.

Kuyamba ntchito

Bergman analowa m'ntchito ya mafilimu ngati wokonza nkhani zolembedwa ndi anthu ena pakampani ya Svensk Filmindustri. Nkhani yake yoyamba kujambulidwa inali Hets (1944), yonena za mphunzitsi wankhanza, ndipo anaitsogolera ndi Alf Sjöberg. Filimu yoyamba imene anatsogolera yekha ndi Kris (1946).

Kutchuka

Dzina lake linamveka kunja kwa Sweden pamene filimu yanthabwala ya Sommarnattens leende (1955) inalandira mphoto ku Cannes. Mu 1957 anatulutsa mafilimu awiri otchuka kwambiri. Mu Det sjunde inseglet, msilikali wobwerera kunkhondo, yemwe amaseweredwa ndi Max von Sydow, amasewera chess ndi Imfa pa nthawi ya mliri pofuna kutalikitsa moyo wake. Smultronstället imanena za pulofesa wokalamba amene akukumbukira zolakwa zake ali pa ulendo, ndipo inapambana mphoto yaikulu ku Berlin mu 1958.

Mafilimu ake atatu anapata mphoto ya Oscar ya filimu yabwino ya chinenero chakunja: Jungfrukällan (1960), Såsom i en spegel (1961) ndi Fanny och Alexander (1982). Ena odziwika ndi Persona (1966), Viskningar och rop (1972) ndi Scener ur ett äktenskap (1973), sewero la pa wailesi yakanema la zigawo 6 lonena za kutha kwa ukwati.

Bergman ankakonda kugwira ntchito ndi anthu omwewo chaka ndi chaka, monga Liv Ullmann, Bibi Andersson, Harriet Andersson ndi wojambula Sven Nykvist. Sanasiye zisudzo za pabwalo, ndipo kuyambira 1963 mpaka 1966 anali mkulu wa Dramaten, nyumba yaikulu ya zisudzo ku Stockholm.

Mlandu wa msonkho

Pa 30 Januwale 1976 apolisi anamutenga ali mkati mokonzekera sewero ku Dramaten, pomuganizira kuti ankazemba msonkho. Mlanduwo unathetsedwa patangopita miyezi yochepa, koma manyazi ake anamudwalitsa maganizo mpaka anagonekedwa m'chipatala. Chaka chomwecho anachoka m'dziko lake n'kukakhala ku Munich, ku West Germany, kumene anagwira ntchito kwa zaka zingapo asanabwerere kwawo.

Zaka zomaliza

Atamaliza Fanny och Alexander, yomwe ili ndi zambiri zochokera pa ubwana wake, Bergman analengeza kuti wasiya kupanga mafilimu oonetsedwa m'nyumba zoonera kanema. Anapitiriza kulemba nkhani zimene ena anazijambula, ndipo mu 1987 anatulutsa buku la mbiri ya moyo wake lotchedwa Laterna magica. Filimu yake yomaliza inali Saraband (2003), ya pa wailesi yakanema.

Bergman anakwatira kasanu ndipo anali ndi ana 9. Anamwalira ali ndi zaka 89 kunyumba kwake pachilumba cha Fårö, kumene anajambulirako mafilimu ake angapo, ndipo anaikidwa m'manda konko.