Tenisi Inaima pa Mpanda wa Kalabu

Pa Milepa, m'boma la Chiradzulu, mwana akati mpira ndiye kuti akunena wamiyendo kapena wamanja. Tenisi amangoimva pa wailesi. Chonsechotu masewera a tenisiwa ndi akale m'chigawo chino kuposa mmene ambiri amaganizira.

Mpikisano woyamba wa tenisi wa Wimbledon unachitika ku London mu 1877, ndipo pofika 1896 azungu anali atatsegula kale Blantyre Sports Club. Makalabu ena anabwera ku Zomba, Limbe, Thyolo ndi Mulanje, moti Milepa inazunguliridwa ndi mabwalo omwe anthu ake sankawapondamo. Iwo ankadziwa nkhope ina ya utsamunda, ya thangata. Pa esiteti ya A. L. Bruce ku Magomero, anthu ankalima thonje ndi fodya ngati malipiro a malo okhala, ndipo nkhanza zake n'zimene zinathandiza kuutsa mkwiyo wa John Chilembwe wa ku Mbombwe mu 1915. Munthu wakuda akalowa m'kalabu ankalowa ngati wantchito: kusesa bwalo, kulemba mizere, kutolera mabwana mipira.

Ufulu wa 1964 unachotsa tsankho pachipata, koma mtengo wa raketi, nsapato ndi mipira unakhala mlonda watsopano.

Kunjako zinthu zinasintha mu 1968, pomwe mipikisano ikuluikulu inayamba kulola osewera olipidwa. Mu 1973 bungwe la osewera tenisi aamuna la ATP linayamba kusanja osewera pa mndandanda, aliyense ndi nambala yake. Apa ndi pomwe panabadwira ntchito yowawa ya wosewera wa m'munsi. Iyeyu amadzilipirira yekha ndege, malo ogona, chakudya ndi mphunzitsi ngati angamukwanitse. M'mipikisano yaing'ono ya bungwe la tenisi la dziko lonse la ITF, yotchedwa M15, ndalama zokwana $15,000 amagawana onse, ndipo wogonja tsiku loyamba amabwerera ndi zosakwana n'tikiti yomwe. Kafukufuku wa ITF wa ziwerengero za 2013 anapeza kuti mwamuna ankayamba kubweza zomwe wawononga akafika cha pa nambala 336, mkazi pa 253. Osewera oposa 6,000 sanapate olo tambala chaka chimenecho.

Chitsanzo chapafupi chili kwa anansi athu ku Zimbabwe. Takanyi Garanganga anabadwa mu 1990 ku Mbare, mu Harare, dera lomwe zidzukulu za Amalawi opita kukasaka ntchito zilipo zambiri. Kuti luso lake likule anachita kusamukira ku America. Mu 2011 anapambana mendulo ya golide pa masewera a All-Africa Games ku Maputo, ndipo dziko lake analiimira kangapo mu mpikisano wa mayiko wa Davis Cup. Ngwazi ya Africa yonseyo, itafika pachimake mu 2014, inali pa nambala 288 padziko lapansi, kungodutsa pang'ono mzere uja woti munthu asabwerere kumudzi ndi ngongole.